Disiki sinafe ayi: mapulogalamu otsegulira ma drive a Mac, Windows ndi Linux pa kompyuta ya mtundu wina

Mwatenga hard drive yomwe mwakhala mukusungiramo zithunzi ndi makalata pa Mac kwa zaka zingapo, mwailumikiza ku laputopu ya Windows. Kanyali kayaka, disiki ikumveka kuti ikuzungulira, koma mukatsegula File Explorer simukuiona. Mwinanso ndi flash yochokera pa kompyuta ya Linux, ndipo Windows yakubweretserani uthenga woti iyenera kufomatidwa musanaigwiritse ntchito, batani lolembedwa kuti Format disk lili pomwepo kudikira chala chanu. Mac nayo imachita zomwezo: imanena kuti disiki yomwe mwaikayo sikuwerengeka, n'kukupatsani mabatani atatu, Initialize, Ignore ndi Eject. Apa ndi pamene anthu amatayira zinthu zawo, poganiza kuti kompyuta yaona vuto pa disikiyo.

Kompyutayo sinaone vuto lililonse. Yangolephera kumva kalembedwe ka pa disikipo. Mafayilo anu onse ali momwemo bwinobwino, ndipo chomwe chingawaononge ndi batani lija. Pali mapulogalamu ambiri omwe ntchito yawo ndi kumasulira kalembedwe kachilendo kameneka, ena aulere, ena ogula. Koma musanasankhe iliyonse ndi bwino kudziwa chomwe imachita ikakhudza disiki yanu, chifukwa pulogalamu yongowerenga ndi pulogalamu yolemba ndi zinthu ziwiri zotalikirana kwambiri, ngakhale otsatsa malonda amazitchula pamodzi.

Chomwe chili pa disiki

Disiki payokha sidziwa fayilo, sidziwa foda. Ndi mndandanda chabe wa timagawo tofanana kukula totchedwa ma sector, kambiri ta ma byte 512 kapena 4096 kalikonse, tokhala ndi manambala kuyambira pa 0. Kompyuta imatha kuiuza zinthu ziwiri basi: "ndipatse zomwe zili pa nambala yakutiyakuti", kapena "lemba izi pa nambala yakutiyakuti". Dzina la fayilo, kukula kwake, tsiku lomwe inalembedwa, foda yomwe ilimo, mwini wake, ndi timagawo tomwe tasunga zidutswa zake, zonsezi zili mu kaundula wolembedwa pa disiki yomweyo. Malamulo a momwe kaundulayu amalembedwera ndiwo file system.

Taganizirani nyumba yaikulu yosungiramo katundu, ya mashelefu mamiliyoni, shelefu iliyonse ndi nambala yake. Katundu wa munthu mmodzi akhoza kukhala pa shelefu 40, wina pa 9000, wina kumapeto kwenikweni. Popanda buku la pakhomo simungatolere kanthu. Mlonda watsopano amene sadziwa chilankhulo cha bukulo amaona masamba odzaza ndi zolemba koma sangakupezereni ngakhale thumba limodzi. Kufomata ndiko kumulola mlondayu kuti ataye buku lakale, atsegule lake lopanda kanthu. Pa hard drive yozungulira, katundu amatsala pa mashelefu mpaka wina atamuikira zina pamwamba, n'chifukwa chake mapulogalamu obwezera mafayilo nthawi zina amapulumutsako zina. Pa SSD, disiki yamakono yosazungulira, mwayi umenewu ndi wochepa, chifukwa lamulo lotchedwa TRIM limauza disiki kuti malo aja sakufunikanso, ndipo disiki ikhoza kuwafufutiratu yokha.

Kaundula wa mafayilo asanafikiridwe pamakhala kandandanda kena kakang'ono koyambirira kwa disiki, partition table, komwe kamanena kuti disikiyi yagawidwa zigawo zingati ndipo chilichonse chikuyambira pati. Kakale ndi MBR, komwe sikaona kupitirira 2 TB pa disiki ya ma sector a 512. Katsopano ndi GPT. Windows, macOS ndi Linux zonse zimamva ziwirizi masiku ano, choncho vuto kawirikawiri silikhala apa. N'chifukwa chake mukatsegula Disk Management pa Windows mumaiona disiki ya Mac ija, kukula kwake ndi zigawo zake, ngakhale ilibe chilembo ngati E: kapena F:. Kuiona kumeneko ndi umboni wabwino kuti disiki ili moyo.

Mabanja a file system

Wamkulu pa onse ndi FAT ya Microsoft, yomwe inayamba kumapeto kwa zaka za m'ma 1970. FAT32 inabwera mu 1996. Kalembedwe kake n'kophweka: tebulo limodzi lomwe limanena kuti chidutswa ichi chikatha, chotsatira chili pakuti, ngati unyolo. Kuphweka kumeneku ndiko kunachititsa kuti makamera, ma TV ndi mawailesi a m'galimoto aziimva. Koma fayilo imodzi singapitirire 4 GB, ndipo ambiri amazindikira malire amenewa tsiku lomwe filimu yaikulu yakana kulowa mu flash yomwe ili ndi malo ochuluka.

NTFS inabwera ndi Windows NT 3.1 mu 1993, ndipo ndiyo yomwe Windows imakhalapo mpaka lero. Mtima wake ndi Master File Table, momwe fayilo iliyonse ili ndi tsamba lake, kambiri la ma byte 1024. Fayilo ikakhala yaing'ono kwambiri imasungidwa mu tsamba lomwelo. Microsoft sinatulutse poyera kafotokozedwe kathunthu ka NTFS, kotero anthu omwe analemba mapulogalamu oiwerengera kwina anachita kuiphunzira poyang'anitsitsa zomwe Windows imalemba, byte ndi byte, kwa zaka zambiri.

Apple inali ndi HFS+ kuyambira mu 1998, yomwe pa Disk Utility imatchedwa Mac OS Extended. Mu 2017 inasinthira ku APFS, koyamba pa iPhone kudzera mu iOS 10.3, kenako pa Mac ndi macOS High Sierra. APFS imaganiza mosiyana ndi zonse zam'mbuyozi. Ikafuna kusintha kaundula silemba pamwamba pa zakale: imalemba zatsopano pamalo ena, ikatha n'kusintha cholozera. Ma volume angapo, omwe amaoneka ngati ma disiki osiyana, amatha kukhala mu chigawo chimodzi chotchedwa container n'kumagawana malo opanda kanthu. Apple inatulutsa chikalata chofotokoza APFS mu 2018.

Ku Linux kuli ext2 ya mu 1993, ext3 ya mu 2001, ndi ext4 yomwe inakhazikika kumapeto kwa 2008, kuphatikizapo Btrfs, XFS ndi zina. Izi palibe chobisika, code yake aliyense akhoza kuiwerenga. Ndiye kulephera kwa Windows ndi macOS kutsegula ext4 si nkhani ya chinsinsi ayi. Mmene ndikuonera ine, ndi nkhani ya udindo: kampani ikaika mu makina ake driver yolemba, kutanthauza pulogalamu yothandiza kompyuta kulemba pa file system yakutiyakuti, ndiye kuti yavomera kuyankha mlandu wa fayilo iliyonse yomwe ingaonongeke, pa file system yomwe akuisintha ndi anthu ena.

Zotsatira zake n'zakuti Windows yongoikidwa kumene imawerenga ndi kulemba FAT, exFAT ndi NTFS, koma HFS+, APFS ndi ext4 siizidziwa. macOS imawerenga ndi kulemba zake ziwiri zija komanso FAT ndi exFAT, pomwe NTFS imangoiwerenga. Linux ndiyo imamva zambiri, ngakhale si zonse zomwe imazimva mofanana.

Njira zitatu zomasulira

Mapulogalamu a ntchito imeneyi amalowa pa makomo atatu osiyana, ndipo khomo lomwe pulogalamu yalowera limasonyeza kale zomwe ingakuchitireni ndi zomwe ingakuonongereni.

Khomo loyamba ndi la driver ya mu kernel, kutanthauza mkati mwenimweni mwa operating system, pulogalamu yaikulu yoyendetsa kompyuta monga Windows kapena macOS. Driver yotere ikaikidwa, disiki yachilendo imaoneka ngati ina iliyonse: ili ndi chilembo chake pa Windows kapena chithunzi chake pa Finder, ndipo Word kapena Photoshop imatsegula mafayilo molunjika. Imathamanga bwino. Koma ikalakwitsa, imagwetsa kompyuta yonse, ndipo operating system ikasinthidwa driver yakale ikhoza kuleka kugwira ntchito. Pa ma Mac okhala ndi ma chip a Apple, kuyambira pa M1 ya mu 2020, kuika kernel extension ya kampani ina kumafuna kuti mulowe mu Recovery n'kutsitsako chitetezo cha makina. Sichinthu chongodina osaganiza.

Lachiwiri ndi FUSE, nzeru yomwe Miklos Szeredi anayambitsa ndipo inalowa mu kernel ya Linux mu 2005. Mu kernel mumangokhala kamlatho kakang'ono, pomwe womasulira weniweni ndi pulogalamu wamba yoyenda panja. Ikagwa, imagwa yokha. Kulemba driver yotere n'kosavuta, n'chifukwa chake zaulere zambiri zinabadwira kuno. Choipa chake n'chakuti pempho lililonse limayenda ulendo wopita ndi kubwerera pa mlathowo, ndiye liwiro limatsika, makamaka pokopa timafayilo tambirimbiri tating'ono. Pa Mac mlatho wotere ndi macFUSE, pa Windows kuli WinFsp ndi Dokan. Apple nayo inayamba njira yake yofanana ndi imeneyi, FSKit, mu macOS Sequoia.

Lachitatu ndi la mapulogalamu omwe salowerera operating system n'komwe. Mumatsegula pulogalamuyo, iyo n'kuwerenga ma sector yokha, n'kukuonetsani mafoda pa windo lake, inu n'kusankha zoti mukopere pa kompyuta yanu. HFSExplorer imachita zimenezi ndi HFS+, ndipo imafuna Java. DiskInternals Linux Reader imachita chimodzimodzi ndi ext4 ndi zina. Zimaoneka zachikale, sizikulolani kutsegula fayilo n'kuisintha pomwepo, koma kwa munthu amene akungofuna kutulutsa zithunzi zake kamodzi, khomo limeneli ndi lomwe ndingamulozere poyamba.

Kuwerenga ndi kulemba

Pulogalamu yowerenga ikalakwitsa, mumalandira fayilo yosatseguka kapena foda yosoweka, koma disiki imatsala momwe inalili, mukhoza kuyesanso ndi pulogalamu ina. Pulogalamu yolemba ikalakwitsa, cholakwikacho chimakhala pa disiki.

Tione chomwe chimachitika mukasunga kafayilo kamodzi. Pafunika kupeza malo opanda kanthu n'kuwaika chizindikiro choti atengedwa. Pafunika kulemba zamkati mwa fayiloyo. Pafunika kutsegula tsamba lake mu kaundula, kulowetsa dzina lake mu foda, ndi kusintha nthawi ya fodayo. Pa ma file system amakono mayina a mu foda amasanjidwa ngati mtengo wanthambi, kotero dzina limodzi lowonjezera likhoza kuchititsa kuti nthambi igawike pawiri. Ntchito zonsezi ziyenera kuchitika zonse, kapena pasachitike ngakhale imodzi. Magetsi akazima pakati, kapena wina akazula chingwe, mukhoza kutsala ndi malo olembedwa kuti ndi opanda kanthu pomwe muli fayilo, ndipo fayilo yotsatira idzalembedwa pamwamba pake.

Pofuna kupewa zimenezi, NTFS, ext3, ext4 ndi HFS+ ya kuyambira mu 2002 zili ndi journal, kabuku komwe file system imayamba yalembamo zomwe ikufuna kuchita isanazichite. Makina akadzuka pambuyo pa ngozi amawerenga kabukuka, n'kumaliza kapena kubweza zomwe zinatsala pakati. Tsono aliyense ali ndi kalembedwe kake ka journal. Driver yachilendo ikapeza journal yosatsekedwa imakhala ndi zosankha zitatu: kuimvetsa n'kuimaliza, kukana kulemba, kapena kuinyalanyaza. Yosankha chachitatu ndiyo yoopsa. N'chifukwa chake Linux ikapeza HFS+ yokhala ndi journal imaitsegula mongowerenga. Pa intaneti mudzapeza malangizo a momwe mungaikakamizire kulemba. Kukana kuja kunali ndi chifukwa, ndipo ine sindingakakamize pa disiki yomwe ndilibe kope lake kwina.

Palinso china: file system simaima pamalo amodzi. ext4 ya lero si ya 2008. Omwe amaikonza akhala akuwonjezera zinthu, monga 64bit ndi metadata_csum, ndipo anaika lamulo labwino kwambiri. Kumayambiriro kwa partition, chigawo cha disiki chija, kuli mndandanda wa zinthu zomwe zayatsidwa, wogawidwa patatu: zomwe driver yosazidziwa ikhoza kuzinyalanyaza, zomwe ikapanda kuzidziwa iyenera kungowerenga basi, ndi zomwe ikapanda kuzidziwa isakhudze n'komwe. Driver yaulemu imamvera. Koma driver ikasiyidwa osakonzedwa kwa zaka, disiki zatsopano zimaipitirira. Ext2Fsd, yomwe inali yotchuka kwambiri potsegula ext pa Windows, kope lake lomaliza lochokera kwa mwini wake ndi 0.69 la mu 2017, ndipo imadziwika kuti simagwirizana bwino ndi zina zomwe ext4 yamakono imayatsa. Malangizo akale ambiri amaitchulabe. Musanaike pulogalamu iliyonse yolemba, yang'anani chaka chomwe inakonzedwa komaliza.

Kanthu kena komwe ambiri sadziwa: ngakhale kutsegula "mongowerenga" nthawi zina kumalemba. Linux ikapeza ext4 ya journal yosatsekedwa imaimaliza kaye ngakhale mwaiuza kuti ingowerenga, pokhapokha mutawonjezera mawu oti noload. Kwa munthu wamba palibe vuto apa, koma kwa amene akupulumutsa disiki yodwala ndi nkhani yaikulu.

Windows yomwe sinagone tulo teniteni

Omwe ali ndi Windows ndi Linux pa kompyuta imodzi amakumana ndi vuto ili pafupipafupi. Mwazimitsa Windows bwinobwino ndi Shut down, mwayatsa Ubuntu, mtundu wina wa Linux, mwatsegula partition ya Windows. Mafayilo akuoneka, koma batani lopangira foda yatsopano ndi lofooka, silidinika. Mukayesa pa terminal, windo lolembapo malamulo, NTFS-3G, yomwe ndi driver ya NTFS pa Linux, ikukuuzani kuti Windows ili pa hibernation, kutanthauza kuti sinazimiretu, ndipo yakana kulemba.

Ikunena zoona. Kuyambira pa Windows 8 mu 2012 pali chinthu chotchedwa Fast Startup, chomwe pa makompyuta ambiri chimabwera choyatsa kale. Mukadina Shut down, Windows imatseka mapulogalamu anu koma kernel yake imaisunga mu fayilo ya hiberfil.sys, pamodzi ndi zomwe ikukumbukira za kaundula wa disiki. Ikadzuka imapitiriza ndi zomwe ikukumbukirazo. Ngati pakatipo Linux inalembapo mafayilo, Windows sikudziwa, ndipo ikhoza kutenga malo omwewo n'kuikapo zake. Mankhwala ake ndi osavuta: zimitsani Fast Startup mu Power Options, kapena tulukani mu Windows kudzera pa Restart, chifukwa Restart imatsekadi zonse. Lamulo la powercfg /h off limachotseratu hibernation yonse. Ena amathamangira ntfsfix ya pa Linux, koma iyi si chkdsk, pulogalamu ya Windows yokonzera disiki. Imangokonza tinthu tochepa n'kuika chizindikiro choti Windows idzayang'ane disikiyo ikadzayatsidwa. Wokonza NTFS yoonongeka ndi Windows yomwe.

Iti ya chiyani

Pa Linux, NTFS ndiyo nkhani yomwe inatha bwino. NTFS-3G, yomwe Szabolcs Szakacsits anaitulutsa mu 2006 ndipo pano ili m'manja mwa kampani ya Tuxera ya ku Finland, yakhala ikulemba NTFS kudzera mu FUSE kwa zaka zambiri. Mu 2021 kernel 5.15 inalandira ntfs3, driver yomwe inaperekedwa ndi Paragon Software ya ku Germany, yomwe imathamanga kwambiri chifukwa ili mkati. APFS pa Linux ndiyo idakali m'mbuyo: apfs-fuse imangowerenga, ndipo driver yolemba yomwe ilipo eni ake amaitchula kuti ndi yoyesera.

Pa Mac, kulemba NTFS kumafuna pulogalamu yowonjezera, ndipo zodziwika ndi za makampani awiri omwewa, Paragon ndi Tuxera, kapena NTFS-3G pamwamba pa macFUSE kwa odziwa terminal. Paragon ilinso ndi extFS for Mac. Pa Windows, za Apple zimatsegulidwa ndi MacDrive, yomwe inayamba ndi Mediafour ndipo pano ndi ya OWC, kapena TransMac, kapena ma driver a Paragon a HFS+ ndi APFS. Samalani kuti awiriwa ndi osiyana: pulogalamu ya HFS+ singakuthandizeni pa APFS, ndipo HFSExplorer siimva APFS. Btrfs ili ndi WinBtrfs yaulere.

Zomwe sizimasulirika

Ngakhale driver ikhale yabwino chotani, pali zinthu zomwe mbali inayo ilibe mawu ake. Pa ext4, Kalata.txt ndi kalata.txt ndi mafayilo awiri omwe akhoza kukhala mu foda imodzi. Windows ndi Mac, momwe zimakhalira zikangoikidwa kumene, zimaona dzina limodzi. Mukakopa foda yotere, imodzi ikhoza kulembedwa pamwamba pa inzake, kapena mudzafunsidwa funso lomwe mungayankhe mofulumira osazindikira. Windows imakananso zizindikiro monga : ndi ? ndi * mu dzina, komanso mayina ngati CON, NUL ndi PRN omwe inatengera ku DOS, pomwe Linux imalola zonsezi.

Chilembo cha ŵ chimaonetsa vuto lina bwino lomwe. Mu Unicode, ndondomeko yomwe makompyuta amasungira zilembo, chikhoza kulembedwa ngati chizindikiro chimodzi, kapena ngati w wotsatiridwa ndi kachipewa kapadera. Pa sikirini n'chimodzimodzi, koma kwa kompyuta ndi ma byte osiyana. HFS+ imasunga mayina m'njira yachiwiriyo, pomwe pa Windows ndi Linux kambiri amalembedwa m'njira yoyamba. Ndiye fayilo ya dzina loti maŵa.txt yochokera pa disiki ya Mac ikhoza kuoneka pamaso panu koma osapezeka mukaisaka polemba dzina lake, kapena kuoneka kawiri mu foda imodzi.

Umwini nawo ndi nkhani. Linux ndi Mac sizisunga dzina la mwini fayilo, zimasunga nambala. Munthu woyamba pa ma Linux ambiri ndi 1000, pa Mac ndi 501. Mukaika disiki ya Mac pa Linux, mafoda ena amakana kutseguka chifukwa mwini wake ndi 501 ndipo inu sindinu ameneyo. NTFS imagwiritsa ntchito manambala aatali otchedwa SID, omwe alibe ofanana nawo kwinaku. Apa pakuonekanso poyera kuti ma permission, malamulo onena amene angatsegule fayilo, si loko: aliyense amene ali ndi disiki yanu m'manja ndi kompyuta yomwe iye ndi administrator akhoza kuwadumpha.

Tina tonse ndi tongosokoneza maso. Mac ikalemba pa FAT kapena exFAT imasiya timafayilo toyamba ndi ._ momwe imasunga zina zomwe file system yo ilibe pozisunga, komanso .DS_Store ndi .Trashes. Windows imasiya System Volume Information. Izi si ma virus.

Loko weniweni ndi encryption. BitLocker ya Windows, FileVault ndi APFS yotsekedwa ya Apple, ndi LUKS ya Linux zimasandutsa kaundula yense kukhala manambala opanda tanthauzo. Pulogalamu iyenera kumva loko ameneyu kaye isanafike pa file system, ndipo inu muyenera kukhala ndi pasiwedi kapena recovery key. Linux imatsegula BitLocker ndi dislocker, kapena ndi cryptsetup kuyambira pa 2.3. Popanda kiyi palibe pulogalamu yomwe ingathandize. Ma Linux ambiri amaikanso LVM, njira ina yogawira malo a pa disiki, pakati pa partition ndi ext4, ndipo pulogalamu yosadziwa LVM imanena kuti partition yo ndi yosadziwika ngakhale ikumva ext4 bwinobwino.

Nanga bwanji osangogwiritsa ntchito exFAT?

Kwa flash kapena drive yoyenda pakati pa makompyuta osiyanasiyana, yankho ndi inde. exFAT inatuluka mu 2006, ilibe malire a 4 GB aja, ndiyo yomwe memory card za SDXC zimabwera nayo, ndipo Mac imaiwerenga ndi kuilemba kuyambira pa 10.6.5. Mu 2019 Microsoft inatulutsa poyera kafotokozedwe kake n'kulola kuti ilowe mu kernel ya Linux. Inalowa mu 5.4, ndipo mu 5.7 inasinthidwa ndi driver yabwinoko yochokera ku Samsung. Koma exFAT ilibe journal, ilibe umwini wa mafayilo, ndipo sikhululuka mukaizula ikulemba. Ndi yabwino ponyamulira zinthu. Siyoyenera kukhala malo okhawo omwe mwasunga zithunzi za zaka 10. Ndipo dinani Eject nthawi zonse: kompyuta imatha kunena kuti yamaliza kukopa pomwe zina zidakali mu memory kudikira kulembedwa.

Kuitana mwini wake

Njira yomwe ndimaikhulupirira koposa pamene kulemba kukufunikadi ndi yosagwiritsa ntchito womasulira n'komwe. Disiki ya ext4 ilembedwe ndi Linux yeniyeni, ya NTFS ndi Windows yeniyeni. Sizifuna kompyuta yachiwiri. Pa Windows 11, WSL 2, njira ya Microsoft yoyendetsera Linux mkati mwa Windows, imayendetsa kernel yeniyeni ya Linux, ndipo lamulo la wsl --mount limaipatsa disiki yonse. Mafayilo amaonekera mu File Explorer pansi pa Linux, koma wolemba ndi driver ya ext4 ya eni ake. Windows imaisiya disikiyo pa nthawi imeneyo, kotero singakhale disiki yomwe Windows ikuyendapo, ndipo lamuloli silitenga ma flash ndi ma memory card. Njira ina ndi virtual machine, kompyuta yoyerekezera yoyenda mkati mwa kompyuta yanu, monga VirtualBox kapena VMware, momwe mumapereka chipangizo cha USB kwa operating system ya mkatimo. Inanso ndi kuyatsa kompyuta kuchokera pa flash ya Ubuntu kapena Linux Mint osaika kanthu pa hard drive.

Ngati makompyuta onse awiri alipo ndipo ali pa netiweki imodzi, siyani disiki pomwe ili. SMB, njira yogawanirana mafayilo pa netiweki yomwe Windows ndi Mac zili nayo kale ndipo Linux imaipeza kudzera mu Samba, imatumiza mafayilo popanda mbali inayo kudziwa file system ya inzake. N'chimodzimodzi ndi foni ya Android mukailumikiza ndi chingwe: mkati mwake muli ext4 kapena F2FS, koma kompyuta siikhudza, imangopempha mafayilo kudzera mu MTP, foni n'kumapereka yokha.

Tibwerere kwa amene waima ndi uthenga uja pa sikirini. Kuona maso a nkhono n'kudekha. Dinani Cancel pa Windows, kapena Ignore pa Mac. Tsegulani Disk Management kapena Disk Utility muone ngati disiki ikuoneka ndi kukula kwake kolondola. Ngati ikulira mogogoda, ikuzimiririka n'kubweranso, kapena ikuonetsa kukula kolakwika, vuto si file system, ndipo kuyesayesa mapulogalamu kungoifooketsa. Pamenepo choyamba ndi kujambula disiki yonse kupita pa ina ndi pulogalamu ngati GNU ddrescue, yomwe imayamba ndi malo owerengeka n'kudzabwerera ku ovuta pambuyo, kenako n'kugwira ntchito pa kopelo. Ngati disiki ili bwino, dziwani file system yake: funsani kompyuta yomwe inachokera, kapena lembani lsblk -f pa Linux. Sankhani pulogalamu yongowerenga ya file system imeneyo, koperani zonse pamalo ena, ndipo musangokhulupirira kuti zafika. Yerekezani chiwerengero cha mafayilo mbali zonse ziwiri, tsegulani zithunzi zingapo za m'mafoda osiyanasiyana, filimu imodzi yaikulu muionere chakumapeto kwake, ndi mafayilo a mayina okhala ndi zilembo ngati ŵ. Zikatseguka zonse, mukhoza kuifomata disiki ija m'kalembedwe ka kompyuta yomwe izikhalapo kuyambira pano.